Santhe: tauni yoyezedwa ndi mapazi

Foni ya atsibweni inandipeza ndili pa depoti ku Lilongwe, ndipo mawu awo anali ochepa monga mwa chizolowezi chawo: “Mphwanga, ubwere kumudzi Loweruka. Pali nkhani ya munda wa agogo ako.” Amene anakulira kwathu kuno akudziwa kuti mwini mbumba akaitana chotere sufunsa zambiri, umangofunafuna ndalama ya thiransipoti. Umu munali mu Julaye 2024.

Kwathu ndi kwa Mfumu Yaikulu Santhe m'boma la Kasungu, kamtunda pang'ono kuchokera pa msika. Ndili mwana, ulendo wochoka ku Lilongwe kupita kumudzi unali wa tsiku lathunthu, pa matola, m'fumbi loti ukafika amayi ankayamba akuphitsira madzi asanakupatse moni weniweni. Lero pali msewu wa tara wochokera ku bwalo la ndege lakale kudzera chigawo cha Kasiya, kuwoloka Bua, kukakumana ndi msewu wa Mchinji–Kasungu. Ndinanyamuka nditamwa tiyi, nsima ya masana ndinadyera kwathu.

Nkhani yake inali yotere. Munthu wina wa bizinesi, wogula soya ndi mtedza, anafuna munda wa agogo. Mundawo kale unali kutali ndi masitolo, koma masitolo aja akhala akuyenda chaka ndi chaka mpaka afika pa malire athu. Mkuluyu anali atabwera kale ndi mnyamata wake wamtali miyendo, nayeza mundawo ndi mapazi, n'kupeza kuti mutuluka mapuloti asanu ndi limodzi. Mtengo umene anatchula ndi woti fodya wa m'munda womwewo sangaupeze ngakhale mutalima zaka khumi mvula ili bwino.

Ndisaname, mtima wanga unadumpha. Ine ndinasiyira panjira sukulu ya ku yunivesite mu 2011, chaka chimene mitengo ya fodya inagwa ku okushoni, mabelo n'kumabwezedwa ngati katundu wakuba. Bambo anga anabwera opanda kanthu, ine ndinalongedza katundu. Kuyambira pamenepo ndimadya za cholembera, ndipo inu amene mumagulitsa malonda mukudziwa kuti ndalama yobwera mwa apo ndi apo ili ndi njala yakeyake. Gawo langa pa mundawo likanatseka mabowo ambiri. Choncho zimene ndikulemba pano musaziwerenge ngati za munthu woyera mtima amene amadana ndi ndalama. Ndikulemba ngati mmodzi wa ogulitsa.

Tiyambe ndi funso ili: pa Santhe panakula bwanji? Yankho ndi fodya. Nthawi ya Dr Kamuzu Banda, lamulo la Special Crops Act linkaletsa mlimi wamba kulima fodya wa bale ndi wa fulu. Ameneyo anali wa maesiteti, monga a Press Farming ndi General Farming, komanso a akuluakulu amene anali ndi malo a lizi. Munthu wa m'mudzi ankalima chikopa n'kukagulitsa ku ADMARC pa mtengo umene wauzidwa. Maesitetiwo anafuna manja ambiri, ndipo malole ankabweretsa matenanti kuchokera ku Mulanje, Thyolo, Machinga ndi madera ena a kum'mwera kumene malo anali atachepa kale. Ena anabwerera kwawo, ena anakwatira konkuno, ena anatsegula tiokala m'mbali mwa msewu. Ndiye mukamva Chilomwe kapena Chiyao pa msika wa Santhe musamadabwe, anthuwa si obwera dzulo ayi.

Mu 1990 boma linayamba kulola alimi ang'onoang'ono kulima bale, ndipo matipate atabwera mu 1994 chitseko chinatsegukiratu. Zigafa zinamera paliponse. Ndikukumbukira bambo anga akubwera ndi wailesi ya makaseti ndi njinga yatsopano tsiku limodzi, mudzi wonse n'kudzaonerera. Ndalama zimenezo zinkafuna pothera, ndipo pothera pake panali pa Santhe: magolosale, mabala, maresitihausi, zigayo, atelala. Kenaka msika wa okushoni unatsegulidwa pa Chinkhoma, m'boma lathu lomwe lino, moti belo silinafunikenso kuyenda mpaka ku Kanengo. Magetsi anabwera, mafoni anabwera, Airtel Money ndi Mpamba zinabwera, tara anabwera. Palibe anakhala pansi kunena kuti tiyeni timange tauni pano. Aliyense anangomanga chake pamene anapeza malo, tsiku lina tinangodzuka tili m'tauni.

Zabwino zake sindingazibise, ndipo amene amalira za kale ngati kuti kale tinkadya mpunga ndi nkhuku tsiku lililonse akunama. Amayi anga anasinja pa mtondo mpaka msana unapindika. Lero chigayo chili pafupi moti amatuma mdzukulu. Mayi woyembekezera matenda akamuyamba usiku, pali kabaza wa njinga yamoto amene nambala yake ili m'foni. Anyamata amene akanakhala pa bawo tsiku lonse akuwotcherera mageti ndi mafelemu a mawindo. Mlongo wanga ali ndi saluni, ndipo ndalama zake amasunga ku banki m'khonde, osapempha mwamuna. Mwana wa sekondale amawerenga ndi getsi, pamene ife tinkawerengera koloboyi mpaka mphuno kuda. Zonsezi ndi chitukuko chenicheni.

Koma akuluakulu anati walira mvula walira matope. Matope ake ndinawaona masiku atatu amene ndinakhala kumudzi, ndipo ndikufuna ndikuuzeni limodzilimodzi.

Loyamba ndi la maliro. Sabata imene ndinafika kunali kutamwalira mnyamata wina wogulitsa tchipisi pa chiwaya. Anakhala pa lendi zaka zinayi, aliyense ankamudziwa ndi dzina la pa msika, koma dzina lake lenileni ndi mudzi wa kwawo palibe ankadziwa bwino. Landilodi anati siwa isakhale pakhomo pake chifukwa alendi ena athawa. Adzukulu anafunsa kuti munthuyu ndi wa mfumu iti, popeza manda ali ndi eni ake ndipo sakumba popanda mawu a mfumu. Mtembo unagona masiku awiri anthu akuimba mafoni. Pamapeto pake anali mavenda anzake amene anayenda ndi mbale benchi ndi benchi, nasonkha ya bokosi ndi ya galimoto. Atsibweni pofotokoza anapukusa mutu n'kunena kuti, “Kale mlendo ankayamba wafika kwa mfumu. Lero amayamba wafika kwa landilodi.”

Lachiwiri ndi la njira. Kuchokera pakhomo pathu kupita ku mjigo panali kanjira kamene agogo anayendamo, amayi anayendamo, ine ndinayendamo ndi ndowa pamutu anyamata anzanga akundiseka. Kanjirako kanadutsa m'munda wa banja lina. Banjalo linagulitsa, wogula anamanga mpanda wa njerwa, pamwamba n'kuikapo mabotolo oswa. Mwa lamulo la ndalama sanalakwe, malo ndi ake. Koma amayi a mbali yathu tsopano amazungulira ku msewu waukulu, kumene njinga zamoto zimathamanga ngati zikuthawa nkhondo. Pogulitsa palibe anakumbukira kuti njira nayo ndi katundu wa mudzi, chifukwa kale sinkafunika kulembedwa pa pepala.

Lachitatu ndi la madzi ndi zimbudzi. Mapuloti oyezedwa ndi mapazi amakhala othinana, ndipo aliyense amafuna kumangapo timanyumba ta lendi tambiri momwe angathere. Ndinaona ndi maso anga chitsime cha banja lina chili mapazi ochepa kuchokera pa chimbudzi cha neba wawo, mpanda wokha pakati. Amene anaiwala kolera ya 2022 ndi 2023, imene inapha anthu oposa 1,700 m'dziko muno, akaone zimenezi kuti akumbukire. Zinyalala za pa msika zimathera m'ngalande, mvula ikagwa zimatsikira ku dambo kumene kuli madimba a tomato ndi mpiru zimene timagula pa msika womwewo.

Lachinayi ndi la mitengo. Fodya anadya nkhalango kale, pa zigafa ndi pa mabani. Imene inatsala ikuthera m'mauvuni a njerwa ndi m'matumba a makala, chifukwa munthu wa pa lendi alibe munda woti akatoleko nkhuni. Mitengo yachilengedwe yaikulu imene yatsala mbali ya kwathu ili ku manda, ndipo nayonso nyumba zaizinga moti a Gule Wamkulu akatuluka ku dambwe amadutsa kuseri kwa vidiyo sho.

Lomaliza silioneka ndi maso. Kale munthu akadwala nthawi yolima, anzake ankabwera ndi makasu, mayi n'kuphika thobwa kapena mowa wa dima, munda n'kutha tsiku limodzi. Lero chilichonse ndi ganyu. Pa Santhe ndalama imayenda ndi nyengo: kuyambira Epulo mpaka Ogasiti mabala amadzaza, masikelo a mavenda ali mbwee m'mbali mwa msewu, kaunjika akuyenda. Ikafika Januwale ndi Febuluwale, anthu omwe aja ali pa khomo la wa katapila, ena akugulitsa fodya ali m'munda. M'mudzi wa kale njala inkagawidwa, nkhokwe ya wina inkapulumutsa wina. Pa lendi mwezi ukatha watha, landilodi safunsa ngati okushoni yatsegulidwa.

Mukaphatikiza zonsezi muona chinthu chimodzi. Ntchito zimene mudzi unkagwira, zosunga njira, zoika maliro, zoteteza chitsime, zoweruza milandu pa bwalo, zikutha mphamvu chifukwa theka la anthu okhala pamalopo si mbumba ya mfumu. Ntchito zimene tauni imayenera kugwira, za mapu, misewu ya m'kati, mipopi, kotaya zinyalala, manda a aliyense, sizinayambe. Pa Santhe pali pakati, ndipo pakatipo ndi pamene anthu osauka amagweramo.

Si Santhe yokha. Yendani pa Nkhamenya, Chatoloma, Madisi, Mponela, Kamwendo, Nsundwe, Jenda, muona nkhani yomweyi pa misinkhu yosiyanasiyana. Kalembera wa 2018 anapeza kuti Amalawi tinalipo 17.5 miliyoni, ndipo 16 pa 100 alionse ndi amene ankakhala m'matauni. Chiwerengero chimenechi chimatinamiza kuti ndife dziko la midzi. Munthu wa pa lendi pa Santhe, amene amagula ufa wa pa mbale, makala a pa kathumba ndi madzi a pa ndowa, moyo wake ndi wa m'tauni ngakhale mabuku atamulemba kuti ndi wa kumudzi. Masomphenya a Malawi 2063, amene anakhazikitsidwa mu 2021, amaika kukula kwa matauni ngati umodzi mwa mizati yake itatu, ndipo Kasungu ili m'gulu la malo asanu ndi atatu osankhidwa kuti adzakhale mizinda, pamodzi ndi Karonga, Nkhata Bay, Salima, Liwonde, Mangochi, Luchenza ndi Bangula. Zabwino. Nanga timatauni timene tikumera tokha m'mphambano za misewu, tidikire mpaka 2063?

Phunziro lili pafupi. Likulu la dziko linasamuka ku Zomba kubwera ku Lilongwe mu 1975, mzinda wojambulidwa bwino pa mapu, maeliya ake ndi manambala. Koma anthu anabwera ambiri kuposa mapuloti, nakagula malo kwa mafumu m'mphepete mwa mzinda. Zotsatira zake ndi Mtandire, Chinsapo, Mgona, kumene ambulansi imaima patali wodwala n'kunyamulidwa pamsana, ndipo kuti mudutsitse paipi ya madzi muyenera kugwetsa khitchini ya munthu. Inu ambiri amene mukuwerenga tsamba lino mumakhala m'madera amenewa, simukufunika kuuzidwa. Pa Santhe lero pali pamene Chinsapo inali zaka makumi angapo zapitazo, kusiyana kwake n'kwakuti pakadali minda yoti msewu ungadutsemo popanda kugwetsa nyumba. Kuongola mtengo mpoyamba.

Malamulo alipo, ndipo apa ndikulankhula ndi inu ana a sukulu amene mumatha kuwerenga Chingerezi cha maloya. Mu 2016 Nyumba ya Malamulo inavomereza malamulo atsopano a malo, ena mwa iwo n'kukonzedwanso mu 2022. Lamulo la Customary Land Act limati malo a makolo aziyendetsedwa ndi komiti ya m'dera la gulupu, gulupuyo ali wapampando, pamodzi ndi anthu asanu ndi mmodzi osankhidwa, atatu mwa iwo kapena kuposerapo akhale amayi. Limapatsanso banja mwayi wolembetsa malo ake kuti likhale ndi chikalata. Lamulo la Physical Planning Act limafuna kuti kumanga kuziyendera mapulani m'dziko lonse, osati m'mizinda yokha. Ndipo kuyambira 1998, pansi pa Local Government Act, makhonsolo ali ndi udindo pa misika, ukhondo ndi chitukuko cha m'madera awo. Boma linaonetsanso kuti likafuna limatha, pamene linamanga misika, madepoti ndi maholo pa malo ngati Nambuma, Malomo, Jenda ndi Nthalire. Vuto n'lakuti pa bwalo la kwathu, tsiku limene tinakhala pansi pa mtengo wa mango kukamba za munda, mwa anthu khumi ndi awiri amene tinalipo, amene anali atamvapo za malamulowa ndinali ine ndekha, ndipo nanenso ndinawadziwa mochedwa.

Mkumano wathu unatenga tsiku lonse. Asuweni anga awiri anafuna tigulitse wonse, wina akufuna njinga yamoto ya kabaza, wina fizi ya mwana ku koleji. Anali ndi mfundo. Kwacha inatsitsidwa mphamvu ndi 25 peresenti mu Meyi 2022, kenaka ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, thumba la feteleza linafika poti mlimi wa ekala imodzi amangoliyang'ana pa shelefu. Fodya nayenso tsogolo lake aliyense akuliona: Malawi analowa m'pangano la dziko lonse lochepetsa kusuta mu 2023, ndipo ntchito ya utenanti inathetsedwa mwa lamulo mu 2021. “Tikusunga munda kuti tizilimamo chiyani?” anafunsa msuweni wanga. Ndinalibe yankho.

Amene anayankha ndi amayi anga, omwe anakhala chete m'mawa wonse akusenda mtedza. Anati: “Achimwene, ine sindikukana ndalama. Koma mnyamata uja poyeza ndinamuona. Anayamba pa malire a uku n'kukathera pa malire a uko, osasiya ngakhale podutsa ngolo. Ndikadzafa ine, bokosi langa lidzatulukira pati? Mudzalidumphitsa mpanda?” Anthu anaseka, koma atsibweni sanaseke.

Tinagwirizana chotere. Tigulitsa mapuloti awiri okha a mbali ya msewu. Pakati pa mundawo tisiya msewu woti lole itha kudutsa, kuchokera ku msewu waukulu mpaka kumunsi, ndipo msewuwo sudzagulitsidwa ndi aliyense. Dimba la ku dambo ndi la amayi ndi alongo athu, silikhudzidwa. Wogula alembe pa pepala, pamaso pa mfumu ndi mboni, kuti chimbudzi adzakumba mbali yotalikirana ndi chitsime. Wa soya uja anakwiya, anati tamuonongera mapulani, natsitsa mtengo. Msuweni wa kabaza sanandilankhule mpaka ndinanyamuka. Gawo langa, titagawana tonse, linangokwana kubweza ngongole imodzi ndi kugula nsapato. Ku yunivesite sindinabwerere.

Sindikunena kuti banja lathu lapulumutsa Santhe. Msewu wathuwo ukafika pa malire a neba umathera pa mpanda, chifukwa iye anagulitsa wonse chaka chapitacho. Msewu wa banja limodzi supita kulikonse. N'chifukwa chake nkhaniyi ndaibweretsa pa tsamba lino m'malo moisiya pansi pa mango.

Inu a malonda, tsiku lililonse mumadula tikiti ya msika. Ndalama imeneyo ndi yanu, ndipo muli ndi ufulu wofunsa kudzera m'komiti ya msika ndi kwa khansala wanu kuti pa chaka yatoleredwa zingati, nanga yabwerera zingati ngati chimbudzi, mpopi ndi dzala. Funsaninso mapu a tauni yanu. Ngati alipo apachikidwe poyera pa msika, ngati palibe ajambulidwe minda isanathe. Ndipo pogula puloti musamangofunsa mtengo. Funsani kuti galimoto idzalowera pati, madzi a mvula adzatsikira kuti, pepala lidzasainidwa ndi yani. Puloti yotsika mtengo yopanda msewu mudzailira tsiku limene mudzafune kuigulitsa.

Inu mafumu athu, ulemu wanu ndi waukulu ndipo sitikuuchotsa. Koma anthu obwera aja, ogulitsa tchipisi, aphunzitsi, owotcherera, ndi anthu anu tsopano. Alembedwe m'kaundula, asonkhe nawo za maliro, aitanidwe pa bwalo, ndipo papezeke malo a manda oti munthu wopanda mbumba pano adzagonepo popanda kudikira masiku awiri. Khalani pamodzi ndi khonsolo musankhe lero malo a sukulu ya mawa, a bwalo la mpira ndi a depoti, chifukwa wa ndalama akadzamangapo sitolo simudzamuchotsa.

Inu ana a sukulu, tchuthi chikubwerachi musakangokhala pa foni. Kafunseni kwanu kuti munda wa agogo uli m'dzina la yani, malire ake ali pati, ndani akuuzungulira. Mukawerengere amayi anu zimene lamulo likunena, m'Chichewa, pang'onopang'ono. Nthawi zambiri malo amagulitsidwa ndi amuna pa bala, olima mundawo n'kudzamva njerwa zikutsitsidwa.

Mwezi watha ndinapitanso kumudzi. Pa mapuloti awiri aja pali nyumba yosungiramo soya, malata ali waliwali. Msewu wathu ulipo, udzu wamera pakati, koma ana a sukulu aupeza ndipo akudutsamo m'mawa uliwonse. Atsibweni akuti neba wa kumunsi, amene sanagulitse, wabwera kudzafunsa kuti tinasiya mapazi angati, akufuna asiyenso chimodzimodzi kuti misewuyo idzakumane. Ndinawauza kuti ulendo uno asayeze ndi mapazi, ndidzabweretsa tepi kuchokera ku Lilongwe. Ndagula kale, ili m'chikwama.